Gholamreza Takhti, Ngwazi ya M'nyumba ya Mphamvu

M'dziko la Iran muli nyumba zotchedwa zurkhaneh, ndiko kunena kuti nyumba za mphamvu. Khomo lake limakhala lalifupi mwadala kuti aliyense wolowa, ngakhale wolemekezeka, awerame. M'katimo amuna amazunguza zibonga zolemera ndi kunyamula zishango zamatabwa, potsata ng'oma ya mtsogoleri amene amalakatula za ngwazi zamakedzana. Amene anaonerapo ingoma ya Angoni a kwa Kachindamoto ku Mtakataka sangavutike kumvetsa: ndi masewera, komanso ndi mwambo. Wopambana pogwetsana amatchedwa pahlavan, koma dzinali limamuyenera pokhapokha ngati ali wodzichepetsa ndi woteteza ofooka.

Gholamreza Takhti anabadwa m'chaka cha 1930 ku Khaniabad, dera la amphawi mumzinda wa Tehran. Sukulu sanapite nayo patali. Anakulira m'mwambo umenewu, ndipo pambuyo pake anaimira dziko lake pa masewera a Olimpiki: anakhala wachiwiri ku Helsinki mu 1952, woyamba ku Melbourne mu 1956, wachiwirinso ku Rome mu 1960.

Komatu akatswiri amene anapata mendulo ku Iran ndi ambiri, ndipo ena anamposa. Chimene anthu sanaiwale ndi china. Polimbana ndi Alexander Medved wa ku Soviet Union, amene anali atavulala bondo, Takhti sanaugwire mwendo wovulalawo ngakhale kuti mpata wopambanira unali pomwepo. Medved anakhala akusimba nkhaniyi mpaka ukalamba wake. Mu 1962 chivomezi chitapha anthu oposa 12,000 ku Buin Zahra, Takhti anayenda pansi m'misewu ya Tehran kupempha thandizo, ndipo ngakhale osauka anapereka zovala ndi ndalama chifukwa anamkhulupirira. Anthu anamutcha Jahan Pahlavan, ngwazi ya dziko lonse lapansi.

Kutchuka kotere sikunakondweretse boma la mfumu Mohammad Reza Shah, makamaka popeza Takhti anali kumbali ya Mohammad Mosaddegh, nduna yaikulu imene inachotsedwa pa mpando mu 1953. Pa 7 Januwale 1968 anapezeka atafa m'chipinda cha hotela ku Tehran, ali ndi zaka 37. Boma linalengeza kuti anadzipha. Anthu ambiri analoza chala apolisi achinsinsi a SAVAK. Anaikidwa m'manda a Ibn Babawayh, ku Rey, kumwera kwa Tehran.