Goloboyi wa ku Scotland amene anafera pagolo



Ndiloleni mpata m'nyuzi yanu yotchukayi kuti ndifotokozere awerengi anzanga, makamaka abusa ndi akulu a mipingo, mbiri ya John Thomson. Ambiri a ife dziko la Scotland timalidziwa chifukwa cha a Livingstone ndi amishoni, koma kumenekonso mpira wa miyendo unafika pogawanitsa anthu potsata mipingo yawo.

Thomson anabadwa m'chaka cha 1909 ndipo anakulira ku Cardenden, m'chigawo cha Fife. Ali ndi zaka 14 anayamba ntchito mu mgodi wa malasha monga bambo ake. Mpira ndiwo unamutulutsa pansipo. Timu ya Celtic ya mu mzinda wa Glasgow inamutenga mu 1926, ndipo chaka chotsatira anali kale pagolo pamene timuyi inkatenga chikho cha Scottish Cup. Anadzachitenganso mu 1931. Dziko lake analiimira pagolo kanayi, kuphatikizapo tsiku lomwe Scotland inagonjetsa England 2-0 m'chaka chomwecho.

Chofunika kudziwa n'chakuti Celtic inali timu yokondedwa ndi Akatolika, pamene Rangers inali ya Apulotesitanti, ndipo chidani chawo sichinali chamasewera ayi. Komatu Thomson sanali Mkatolika. Iye ankapemphera ku Church of Christ, ndipo a Celtic ankamukonda ngati mwana wawo.

Mnyamatayu sankadziwa kudzisunga. Mpira ukakhala pamapazi a mdani, iye ankadziponya pomwepo. Mu 1930, posewera ndi Airdrieonians, anathyoka nsagwada ndi nthiti, mano awiri n'kuguluka. Atachira sanasinthe.

Pa 5 September 1931 Celtic inakumana ndi Rangers pa bwalo la Ibrox, anthu alipo pafupifupi 80,000. Chigawo chachiwiri chitangoyamba, Sam English wa Rangers anathamanga ndi mpira kulunjika kugolo. Thomson anadziponya monga mwa masiku onse, mutu wake n'kuwombana ndi bondo la English. Ena mwa ochemerera Rangers anayamba kukuwa mokondwa, osadziwa kukula kwa ngoziyo, mpaka kaputeni wawo Davie Meiklejohn anapita kukawatontholetsa. Masiku amenewo kunalibe zolowetsa wina m'malo mwa wovulala, choncho mnzake Chic Geatons ndiye anaima pagolo, masewero n'kutha 0-0. Usiku womwewo Thomson anamwalira ku chipatala cha Victoria Infirmary ali ndi zaka 22.

Pa maliro ake panasonkhana anthu pafupifupi 30,000. Ena, posowa ndalama ya sitima, anayenda pansi mtunda wa mamailosi 55 kuchokera ku Glasgow, Akatolika kukaika Mpulotesitanti.

Amene amandimvetsa chisoni kwambiri ine ndi English. Bwalo lofufuza za imfayi linapeza kuti inali ngozi, ndipo banja la malemuyo silinamuimbe mlandu. Koma pakamwa pa anthu sipanatseke. Ngakhale anagoletsa zigoli 44 mu ligi m'nyengo imeneyo, kulikonse kumene ankasewera ankamukuwiza ngati wakupha. Mu 1933 anasamukira ku Liverpool, mawu aja n'kumutsatira konko. Mpira anausiya asanakwanitse zaka 30, ndipo anamwalira mu 1967.

Mphunzitsi wamkulu wopuma,
Ntcheu.