MNENERI ISMAIL (A.S.) NDI TANTHAUZO LA DZINA LAKE

Pamene tikuzinga mbuzi ndi ng'ombe za qurbani pa Eid-ul-Adha, tiyeni timukumbukire mwana uja amene anagonekedwa chafufumimba mpeni uli m'manja mwa bambo ake, Mneneri Ismail (A.S.).

Ambirife timayesa kuti dzinali ndi la Chiarabu. Ayi ndithu, ndi la Chihebri, chiyankhulo cha Ayuda, ndipo eni ake amati Yishma'el. Muli mawu awiri m'menemo: yishma, kutanthauza kuti amamva, ndi El, kutanthauza Mulungu. Buku la Genesis limanena kuti mngelo ndiye anauza mayi Hajar kuti amutche choncho popeza Mulungu anamva kusautsika kwawo, komanso kuti Ibrahim (A.S.) anali ndi zaka 86 mwanayu akubadwa. Chihebri ndi Chiarabu n'zapachibale, n'chifukwa chake tsinde lomweli tikulipezanso m'dzina la Allah lakuti As-Sami', Wakumva.

Katchulidwe kake ndiye timalimbana nako tsiku ndi tsiku ku madrassa. Kunyumba timangoti Isimaila, ndipo palibe tchimo pamenepo, lilime ndi lathu. Koma mwana amene wafika pa Qur'an asameze chilembo cha 'ain chotulukira kukhosi chija, pakuti ndi chimodzi mwa zilembo zitatu zopanga mawu akuti kumva. Mukachimeza, mwaluma tanthauzo.

Ismail akadali woyamwa, bambo ake anamusiya ndi mayi ake m'chigwa chouma cha Makka. Madzi atatha m'thumba lachikopa, mayi Hajar anathamanga kasanu ndi kawiri pakati pa Safa ndi Marwa, mwana akulira kusowa chomwa. Allah anamva, ndipo Zamzam inatumphuka, madzi omwe aja ma Hajji amatibweretsera m'tizigubu. Kenaka fuko la Jurhum linadzamanga pafupi ndi chitsimecho. Kwa iwowa ndiko Ismail anaphunzira Chiarabu, nakwatiranso komweko.

Atasinkhuka kunabwera mayeso aja a maloto. Bambo anamufunsa maganizo, mwana anavomera, ndipo Allah anamuwombola ndi nkhosa. Tinene poyera kuti Surat As-Saffat sitchula dzina la mwanayo. Ma Ulama ambiri amati ndi Ismail, pamene Ayuda ndi Akhristu amati ndi m'bale wake Ishaq (A.S.). Pambuyo pake bambo ndi mwana anamanga Ka'aba, wina akuyala miyala, wina akupatsira.

Genesis imati anabereka ana aamuna 12 ndipo anamwalira ali ndi zaka 137. Mtumiki wathu Muhammad (S.A.W.) anachokera m'mbumba yake. Ayuda nawonso ankatcha ana awo dzinali kalelo, monga Rabbi Yishmael ben Elisha, mphunzitsi wawo wamkulu wa zaka za m'ma 100 chibadwire Isa (A.S.), ngakhale kuti lero dzinali lafala kwambiri m'makomo a Asilamu.