Truman Capote, mlembi amene anasakaniza zoona ndi zopeka

A Truman Capote anabadwila mumzinda wa New Orleans m'dziko la America pa 30 Sepitembala 1924. Anayamba kuchuka akali mnyamata cifukwa ca nthano zopeka, koma lelo dzina lawo limamveka kwambili atolankhani akamatsutsana za malile a coonadi.

Mu Novembala 1959 a Capote anawelenga m'nyuzipepala kuti mlimi wina, a Herbert Clutter, anaphedwa m'nyumba mwawo ku Holcomb m'cigawo ca Kansas pamodzi ndi akazi awo ndi ana awili. Anapita komweko ndi mnzawo wa paubwana, mai Harper Lee, ndipo kwa zaka pafupifupi zisanu ndi cimodzi anafunsa anthu a m'delalo, apolisi, ndiponso Perry Smith ndi Richard Hickock, amene khoti linawapeza ndi mlandu. Awiliwa ananyongedwa pa 14 Epulo 1965.

Buku lawo lochedwa In Cold Blood linatuluka mu 1966 ndipo linawalemeletsa. Iwo anaumilila kunena kuti zonse za m'bukulo zinacitikadi, ngakhale kuti pofunsa anthu sanali kujambula mau kapena kulemba; anali kudalila mutu wawo cabe.

Caka comweco a Phillip Tompkins anapita ku Kansas kukafufuza, ndipo analemba m'magazini ya Esquire kuti mboni zina zinakana mau amene zinapatsidwa. Patapita zaka kunadziwikanso kuti cigawo cothela, pomwe wapolisi Alvin Dewey akumana ndi mnzake wa mwana wa a Clutter kumanda, sicinacitike konse. A Capote anacipeka pofuna kuti buku lithe mokoma, ndipo owelenga sanauzidwe. Kumeneku kunali kunamiza anthu amene anawalonjeza zoona zokhazokha.

Panali cinanso colemela. A Kenneth Tynan, polemba m'nyuzipepala ya The Observer ku Britain, anadzudzula a Capote kuti sanacite zokwanila kupulumutsa amuna awiliwo, amene anawaululila zakukhosi kwawo, popeza imfa yawo ndiyo inapatsa bukulo mapeto. A Capote anakana mwaukali.

Pambuyo pake sanatsilizenso buku lina lalikulu. Mu 1975 anafalitsa nkhani youlula zinsinsi za mabwenzi awo olemela a ku New York, ndipo ambili anawafulatila. Mowa ndi mankhwala osokoneza bongo zinawafooketsa, mpaka anamwalila ku Los Angeles pa 25 Ogasiti 1984 ali ndi zaka 59.