Undi Woyamba, Kholo la Ufumu wa Acewa a Kumadzulo

Ana a sukulu a kwa Zingalume, m'boma la Chadiza, adziwa kuti mfumu yao ilambira Kalonga Gawa Undi ku Mkaika, monganso acita Mlolo ndi Mwangala. Koma owerengeka okha ndiwo adziwa munthu amene anayamba ufumu umenewo, ndi maziko amene anaumangapo.

Undi anali wa mfunda wa Phiri, mbale wace wa Kalonga, mfumu yaikuru ya Amaravi, imene inali kukhala pa Mankhamba, kufupi ndi Mtakataka. Mbiri ya makolo inena kuti zaka ngati 400 zapitazo panabuka mkangano pa banja lacifumu, ndipo Undi anacoka nalinga kumadzulo. Pocokapo anatenga Nyangu, ndiye mai wa mafumu, pamodzi ndi akazi ambiri a mbumba yacifumu. Apa ndipo panaoneka nzeru yace. Pakuti mwa Acewa mpando sutsata atate ai, koma mimba ya mkazi, ndipo wolowa ufumu ndiye mphwace wa mfumu kapena mwana wa mlongo wace. Cotero a pa Mankhamba anatsala ndi bwalo, koma tsinde lobala mafumu linamuka ndi Undi.

Iye anamanga mudzi wace pa Mano, m'dziko limene lero liri m'cigawo ca Tete ku Mozambique. Kucokera pamenepo iye ndi omlowa m'malo anagawira abale ao maiko, nafikitsa mphamvu yao kwa Ansenga. Mafumu ang'ono anali kupereka mitulo ya minyanga ndi zikopa za mikango ndi anyalugwe, ndipo Undi anawabwezera nsaru ndi mikanda. Anasunganso kacisi wa mvula wa pa Msinja, pokhala Makewana, pozindikira kuti anthu samvera mfumu nthawi yaitali minda ikauma.

Atamwalira Undi dzina lace silinafe, pakuti analowana a mbumba yace. Ufumu unafoka m'zaka za m'ma 1700, pofika Apwitikizi ofuna golidi. Unaphwanyikanso ndi Angoni, amene anaoloka Zambezi m'caka ca 1835. Ndipo malire a 1891 anadula dziko, nasiya Mano m'manja mwa Apwitikizi. M'caka ca 1935 Undi wa masiku amenewo anasamukira ku Northern Rhodesia, ndiyo Zambia ya lero. Dziko linatayika, koma mpando unapulumuka, cifukwa mbumba inalipobe.

Mphunzitsi wofuna kuti ana adziwe ciyambi ca mudzi wao acita bwino akayambira pomwepo. Awatume kwa agogo akafunse dzina la mkazi amene ali tsinde la mudziwo, kumene anacokera, ndiponso bele lalikuru ndi laling'ono. Nalembe mayankho m'buku la sukulu nkhalamba zisanathe. Maina a mafumu akumbukika pa bwalo, koma a amai amene anawabala aiwalika msanga ngati palibe wowalemba.