Mayi Ida Chilembwe, Mphunzitsi wa Zosokasoka wa ku Mbombwe

Dzina la Chilembwe likatchulidwa, maganizo a anthu ambiri amathamangira kwa Abusa John Chilembwe, amene nkhope yawo ili pa ndalama za K500 ndi K2,000, amenenso dziko limawakumbukira pa 15 Januwale chaka ndi chaka. Koma pa mishoni yawo ya Providence Industrial Mission ku Mbombwe, m'boma la Chiradzulu, padalinso munthu wina amene zida zake zidali singano, ulusi ndi sizasi. Ameneyu ndi Mayi Ida Zuao Chilembwe, akazi awo a abusawo, mmodzi mwa amayi oyambirira a dziko lino amene mbiri idasunga dzina lawo chifukwa cha luso losoka zovala ndi kuphunzitsa ena lusolo. Pa mwambo wa chikhalidwe, pamene chovala cha munthu chimaulula kumene akuchokera, mbiri ya mayiyu njoyenera kuikumbukira.

Zovala za makolo

Azungu asanafike, makolo sadali ausiwa. Ankasenda makungwa a mitengo monga mombo, yomwe ikupezekabe m'nkhalango ya Thambani, nkuwaviika m'madzi ndi kuwamenya mpaka atafewa ndi kutambasuka. Nsalu imeneyi ndiyo chiwondo. Ena ankafufuta zikopa za nyama nkumavala. Kuchigwa cha Shire, kumene mtsinje wa Mwanza umakathira, Amang'anja ankalima thonje, kupota ulusi ndi kuwomba nsalu yolimba yotchedwa machila, yomwe inkagulitsidwa kutali ndithu. David Livingstone atayenda m'chigwachi m'chaka cha 1859 adapeza ntchitoyi ikuchitika m'midzi yambiri.

Pambuyo pake amalonda adabwera ndi nsalu za m'mafakitale akunja monga merikani ndi kaniki. Nsaluzi zidafala kwambiri kotero kuti m'minda ina ya azungu antchito ankalipidwa mikwamba ya nsalu m'malo mwa ndalama, ndipo ntchito yowomba machila idayamba kuzilala. Komabe nsalu zonsezi anthu ankangozimanga m'chiuno, pachifuwa kapena paphewa. Kuyeza thupi la munthu, kudula nsalu ndi kuilumikiza kuti ikhale diresi kapena malaya lidali luso lachilendo, lomwe lidayamba kuphunzitsidwa m'mamishoni monga wa Blantyre, umene udakhazikitsidwa m'chaka cha 1876.

Kufika ku Mbombwe

John Chilembwe adapita ku America m'chaka cha 1897 pamodzi ndi mmishonale Joseph Booth, ndipo adaphunzira zaubusa ku Lynchburg, m'chigawo cha Virginia. Atabwerako m'chaka cha 1900, adagula malo okwana maekala 93 ku Mbombwe nayambitsa mishoni mothandizidwa ndi mpingo wa anthu akuda a ku America wa National Baptist Convention. Cholinga chawo chidali chakuti munthu wakuda aphunzire mawu a Mulungu, adziwe kulemba ndi kuwerenga, komanso akhale ndi ntchito ya manja yomuchotsa pa umphawi.

Mpingowo udatumiza anthu awiri odzathandiza. Abusa Landon Cheek adafika mu 1901, ndipo Mayi Emma DeLany adatsatira mu 1902. Mayi DeLany adabadwira ku Florida m'chaka cha 1871, ndipo adaphunzira zaumishonale ndi zaunamwino ku Spelman Seminary mumzinda wa Atlanta. Iwowa ndiwo adayambitsa gulu la amayi ndi makalasi osoka pa mishonipo.

Ndi m'zaka zoyambirira zomwezi pamene Ida Zuao, wobadwira m'banja la magazi a Chiafirika ndi a Chipwitikizi, adakwatiwa ndi Abusa Chilembwe. Banjali lidadalitsidwa ndi ana aamuna awiri, John, amene ambiri ankamutcha Charlie, ndi Donald. Mwana wamkazi, amene adamupatsa dzina loti Emma, lofanana ndi la mphunzitsi wa ku America uja, adamwalira ali wamng'ono.

Sukulu ya singano

Pofika 1906, Abusa Cheek ndi Mayi DeLany adali atabwerera kwawo. Ntchito zambiri zoyambitsidwa ndi alendo zimafa eni ake akangochoka, koma ya ku Mbombwe siidatero, pakuti udindo wophunzitsa amayi ndi atsikana udatsalira m'manja mwa Mayi Chilembwe. Chithunzi china chojambulidwa pa mishonipo nkhondo yoyamba ya dziko lonse isanabuke chimawaonetsa ali pamodzi ndi kalasi lawo la zosoka. Chimene chimapatsa chidwi pa chithunzichi nchakuti mphunzitsi ndi ophunzira onse ndi amayi a m'dziko momwe muno, pa nthawi imene udindo wotere m'mamishoni ambiri udali wa akazi a chizungu.

Luso limeneli silidali laling'ono. Wosoka ayenera kudziwa manambala kuti ayeze phewa, chifuwa, chiuno ndi msinkhu. Ayenera kudziwa kuyala nsalu ndi kuidula mosawononga, popeza nsalu idali yodula ndipo cholakwa cha sizasi sichibwezeka. Ayenera kudziwa kulumikiza manja a chovala, kupinda m'mphepete kuti nsalu isamasuke, kuboola ndi kumanga mabowo a mabatani, ndi kuika chigamba pamalo pong'ambika. Mtsikana wodziwa zonsezi ankatha kuveka banja lake popanda kupempha, ndipo ankakhala ndi chinthu choti nkupezera ndalama. Pa nthawi imene atsikana ambiri ankakwatiwa akadali aang'ono, kalasi la zosoka lidali khomo lowakokera ku sukulu, kumene ankaphunziranso kuwerenga, ukhondo ndi kasamalidwe ka pakhomo. Akuluakulu adati m'mera mpoyamba. Pofika 1912, sukulu za mishoniyi zidali ndi ana pafupifupi 1,000 kuphatikizapo akuluakulu mazana angapo.

Mayi Chilembwe eni ake adali chitsanzo cha zimene ankaphunzitsa. Pa zithunzi za banja lawo amaoneka atavala madiresi aatali ofika kumapazi, okhala bwino pathupi, ofanana ndi amene amayi olemekezeka a ku America ndi ku Ulaya ankavala m'zaka zimenezo, amuna awo ali pambali atavala suti.

Chovala ndi ulemu

Lero wina angafunse chifukwa chimene anthu onyadira mtundu wawo ankavalira zovala zachilendo. Yankho lili m'mene zinthu zidalili pa nthawiyo. Azungu ambiri a m'minda ya ku Shire Highlands sankakondwa kuona munthu wakuda atavala nsapato, jekete kapena chipewa. Munthu wakuda ankayenera kuvula chipewa akakumana ndi mzungu, ndipo wochedwa kuvula ankatha kukalipiridwa kapena kumenyedwa. Moyandikana ndi mishoniyo padali minda ya A. L. Bruce ku Magomero, yomwe woyang'anira wake, William Jervis Livingstone, adatchuka ndi nkhanza pa anthu ogwira thangata. Kumeneko anthu ankawafuna ngati antchito otsika mtengo, osati ngati anthu ophunzira ndi ovala bwino.

Motero diresi losokedwa bwino ku Mbombwe lidali ndi uthenga wake. Linkaonetsa kuti mayi wakuda ngwoyenera ulemu womwewo umene ankalandira dona wa chizungu, ndiponso kuti manja ake angathe kupanga chinthu chimene ena ankati nchosatheka kwa iye. Abusa ankalalikira za kufanana kwa anthu ali pa guwa, pamene akazi awo ankaonetsa kufananako ndi zovala zimene mpingo unkavala pa tsiku la mapemphero.

Kukula kwa nkhaniyi kudaonekera poyera boma litakhazikitsa bungwe lofufuza zimene zidachititsa kuukira kwa mu 1915. Mwa madandaulo amene mboni zidapereka mudali nkhani ya zipewa, ndipo Abusa Alexander Hetherwick a ku Blantyre Mission adauza bungwelo kuti mzungu nayenso ayenera kuyankha mwaulemu munthu wakuda akamuvulira chipewa.

Masiku a chisoni

Zaka zomaliza za banjali ku Mbombwe zidali zowawa. Njala idagwa, anthu ambiri adathawa ku Mozambique kudzafuna pokhala, misonkho idakwera, ndipo nkhondo ya mu 1914 itayamba amuna adatengedwa kukamenya ndi kukasenza katundu. Usiku wa pa 23 Januwale 1915 otsatira a Abusa Chilembwe adaukira, ndipo William Jervis Livingstone ndi azungu ena awiri adaphedwa. Boma lidabwezera mwaukali. Abusa Chilembwe adawomberedwa pa 3 Febuluwale 1915 cha ku Mulanje akuthawira ku Mozambique, anthu awo ambiri adanyongedwa kapena kumangidwa, tchalitchi chachikulu cha njerwa chidagwetsedwa, ndipo mishoni idatsekedwa.

M'masabata ochepa Mayi Chilembwe adataya amuna awo, mpingo wawo ndi sukulu yawo, natsala ndi ana awiri aang'ono komanso dzina limene anthu ankaopa kulitchula. Sadakhalitse. Adamwalira m'chaka cha 1918 pa mliri wa fuluwenza umene udapulula anthu mamiliyoni ambiri pa dziko lonse.

Ulusi sudaduke

Mishoni ya ku Mbombwe idatsegulidwanso mu 1926 ndi Dr. Daniel Sharpe Malikebu, amene ali mnyamata adatsatira Mayi DeLany ku America nakaphunzira udokotala ku Meharry Medical College. Akazi awo, Mayi Flora, amenenso adaphunzira ku Spelman, adadzutsanso ntchito ya pakati pa amayi. Nkhani ya chovala ndi ulemu nayo siidaiwalike. Mu Seputembala 2022, pa bwalo la Trafalgar Square ku London padaimikidwa chosema cha katswiri wa ku Malawi, Samson Kambalu, choonetsa Abusa Chilembwe atavala chipewa chawo pafupi ndi mmishonale wa chizungu John Chorley, potengera chithunzi cha mu 1914.

Masiku ano telala amapezeka pa khonde la golosale pafupifupi pa msika uliwonse, kuyambira ku Thambani ndi Mwanza mpaka ku Limbe ndi Lilongwe, ndipo achinyamata ambiri akudya za luso losintha chitenje kukhala diresi, malaya ndi suti. Amayi ovina pa miyambo ya makolo amavala zitenje ndi mabulauzi osokedwa ndi manja a Amalawi anzawo. Polemekeza makolo amene ankasula chiwondo ndi kuwomba machila, nkoyenera kuika pamzere womwewo dzina la Mayi Ida Zuao Chilembwe, amene adaphunzitsa ana aakazi a dziko lino kudzisokera okha, pa nthawi imene kuvala bwino kunkafuna kulimba mtima.