MAI CLICQUOT, MFEDWA AMENE ANACHUKITSA VINYO WA THOBVU

Amai onse ophika thobwa ndi munkoyo m'midzi ya ku Kacholola, Nyimba ndi Petauke adziwa bwino kuti cakumwa cimene cayamba kusasa sicifuna kutsekeredwa kolimba. Mukacithira m'cigubu ndi kumanga pakamwa, cigubuco cimatupa, ndipo potsegula thobvu limatumphira kumaso. Mphamvu yomweyo ndiyo iri mu vinyo wochedwa shampeni, uja amatsegula ndi phokoso pa maukwati a m'matauni. Dzinali licokera ku Champagne, cigawo ca kumpoto ca kum'mawa kwa dziko la France, ndipo mmodzi wa anthu amene anacititsa kuti vinyoyu adziwike m'maiko akutali anali mai wina amene anafedwa mwamuna ali ndi zaka 27 cabe.

Maiyu dzina lace anali Barbe-Nicole Ponsardin. Anabadwa pa 16 December 1777 mu mzinda wa Reims. Atate wace, a Nicolas Ponsardin, anali munthu wolemera, mwini mafakitale oomba nsalu za ubweya wa nkhosa, ndipo pambuyo pace anakhala meya wa mzindawo. Motero owerenga asaganize kuti iyi ndi mbiri ya mwana wosauka, cifukwa njala sanaidziwe. M'caka ca 1798 anakwatiwa ndi François Clicquot, mwana wa a Philippe Clicquot, amenenso anali a malonda a nsalu koma anali atayamba kugulitsa vinyo m'caka ca 1772. Caka cotsatira anabala mwana wamkazi, Clémentine, ndipo sanabalenso wina.

François anali kukonda vinyo kopambana nsalu. Anali kuyendera minda ya mphesa, ndipo mkazi wace anali kupita naye, kuona m'mene alimi anali kucekera mitengo ndi m'mene anali kufinyira zipatso. Kuyenda kumeneku ndiko kunali sukulu yace. Koma mu October 1805 François anadwala matenda a kutentha thupi, ndipo patangopita masiku owerengeka anamwalira.

Apa m'pamene pali mutu wa nkhani. Malamulo amene Napoleon anakhazika m'caka ca 1804 sanali kulola mkazi wapabanja kucita malonda popanda cilolezo ca mwamuna wace, koma mkazi wamasiye anali ndi ufulu wogula, kugulitsa ndi kusaina mapangano yekha. Apongozi ace, a Philippe, ataona kuti mwana wao wamwamuna mmodzi yekhayo wamwalira, anafuna kutseka malonda a vinyo. Mfedwayo anawapempha kuti amlole kuwayendetsa. Nkhalambayo inabvomera, inaikamonso ndalama zace, koma inati ayambe wagwira nchito pamodzi ndi munthu wodziwa kale malondawo, Alexandre Fourneaux.

Kuno kwathu ambiri anaonapo zimene zimacitika maliro akangotha, abale a mwamuna atafika ndi ngolo kudzatenga mbuzi, makasu, mipando ndi mbale zomwe, mfedwa ndi ana n'kutsala m'nyumba yopanda kanthu. Khalidwe limeneli ndilo linacititsa Nyumba ya Malamulo ya Zambia kupanga lamulo la cuma ca masiye m'caka ca 1989, limene lipatsa ana magawo 50 pa 100, wofedwa 20, makolo 20 ndi ena odalira womwalirayo 10, ngati munthu wamwalira wosasiya kalata ya cuma cace. A Philippe Clicquot akanatha kukana pempho la mpongozi wao, cifukwa malondawo anawayamba ndi iwo. Sanatero, ndipo dzina la banja lao lidziwika lero cifukwa ca mpongozi wao.

Zaka zoyamba zinali zowawa. Nkhondo za Napoleon zinali pakati, ndipo madoko a ku Ulaya anali kutsekedwa. M'caka ca 1806 mabotolo zikwi zambiri amene Mai Clicquot anatumiza anakhalira pa doko la Amsterdam, nthawi yotentha inafika, vinyo wambiri naonongeka. Pofika 1810 Fourneaux anacoka, ndipo maiyu anatsala yekha ndi kampani yochedwa Veuve Clicquot Ponsardin. Liu loti Veuve m'Cifalansa litanthauza mkazi wamasiye, ndipo lilembedwa pa botolo liri lonse kufikira lero.

M'caka ca 1811 kunaoneka nyenyezi ya mcira imene inakhala kumwamba miyezi yambiri, ndipo mphesa za caka cimeneco zinapsya bwino kwambiri. Mai Clicquot anapanga vinyo wace namsunga. Kuciyambi kwa 1814 asilikali a ku Russia ndi anzao analowa mu Reims, ndipo iye anauza anchito ace kumanga khoma pa khomo la phanga limene munali vinyo wa 1811 uja. Napoleon atatula pansi ufumu mu April 1814, amalonda ena onse anayamba kudikira kuti mtendere ukhazikike. Iye sanadikire. Mwakacetecete analipira combo ca Adachi, napakiramo mabotolo opitirira 10,000, ndipo mu June comboco cinanyamuka ulendo wa ku Königsberg, doko la pa nyanja ya Baltic. M'combomo munali Louis Bohne, Mjeremani amene anali wogulitsa wace wokhulupirika kuyambira masiku a mwamuna wace. Combo cikanamira kapena kugwidwa, kampani ikanathera pomwepo. Cinafika bwino, ndipo vinyoyo anagulidwa mofulumira pa mtengo wokwera ku Königsberg ndi ku St Petersburg, opikisana naye asanatumize ngakhale botolo limodzi. Kucokera apo anthu olemera a ku Russia anakhala ogula ace aakulu kwa zaka zambiri.

Kugulitsa kwambiri kunabweretsa bvuto lina, limene aliyense wofulula mowa angalimvetse msanga. Shampeni amawira kawiri. Kuwira koyamba kumacitika m'migolo monga vinyo wina aliyense. Kenaka amamthira m'mabotolo ndi kutseka, ndipo shuga ndi yisiti ziri m'menemo zimayamba kuwiranso. Mpweya wotuluka pa kuwirako ulibe kothawira, motero umalowerera mu vinyo, ndipo ndiwo umasanduka thobvu potsegula. Mphamvu ya mpweya wa m'botolo iposa ya m'tayala la galimoto pafupifupi katatu. Masiku amenewo kunalibe njira yoyesera bwino shuga, ndipo mabotolo ambiri anali kuphulika okha, kotero kuti anchito ena anali kubvala zocinjiriza nkhope zacitsulo polowa m'mapanga.

Kuwira kukatha, m'botolo munali kutsala masese amene anali kudetsa vinyo. Mowa wathu timausefa ndi nsalu kapena cisefa, koma uyu sangasefedwe popanda kutaya thobvu limene ogula alipira. Njira yakale inali kutsanula vinyo kucoka m'botolo lina kupita m'linzace, ndipo potero vinyo wambiri ndi mpweya zinali kutayika, nthawi nayonso inali kutha. Ca m'ma 1816, Mai Clicquot pamodzi ndi kapitao wa mapanga ace, Antoine Müller, anapeza njira ina. Anaboola mabowo opendekeka pa thebulo, nazika mabotolo m'mabowomo pakamwa pataloza pansi. Tsiku ndi tsiku wanchito anali kugwira botolo liri lonse, kuligwedeza pang'ono, kulipotoza pang'ono ndi kuliimika mowonjezereka. Patapita masabata angapo masese onse anali atatsikira pa cotsekera. Pamenepo munthu wa manja acangu anali kutsegula, mpweya n'kukankhira masese kunja, iye n'kudzaza botolo ndi kutsekanso, vinyo ali mbee ngati madzi a pa kasupe.

Panalibe makina apa, kapena mankhwala acilendo. Panali thabwa, cobowolera ndi munthu amene anayang'anitsitsa m'botolo kwa nthawi yaitali. Anchito ace anasunga cinsinsici zaka zingapo, ndipo pofika nthawi imene opanga ena anacidziwa, iye anali atapita kale patsogolo. Njirayi inafalikira kwa onse opanga vinyo wa thobvu wa mtundu umenewu, kuphatikizapo a ku South Africa, ngakhale kuti masiku ano ambiri amagwiritsa nchito makina opotoza mabotolo mazana nthawi imodzi. M'caka ca 1818 anayambanso kusakaniza vinyo wofiira wa ku mudzi wa Bouzy ndi woyera, napanga shampeni wofiirira.

Sikuti zonse zimene anagwira zinamyendera. M'zaka za m'ma 1820 anatsegula banki nalowanso m'malonda a nsalu, ndipo zonse ziwiri zinamlowetsa m'ngongole zazikulu. Amene anampulumutsa anali Édouard Werlé, mnyamata wa ku Germany amene analowa nchito pa kampaniyo m'caka ca 1821. Iye anaika cuma cace comwe monga cikole kuti okongoza asagwetse kampani, ndipo m'caka ca 1831 anakhala mnzace wa maiyo pa umwini wa malondawo. Cina codabwitsa ndi ici, kuti mai amene anamenyera ufulu wace woyendetsa malonda sanaphunzitse mwana wace wamkazi nchitoyo. Clémentine anakwatiwa ndi Louis de Chevigné, munthu wa ku banja lacifumu amene anali wodziwa kumwaza ndalama kopambana kuzipeza, ndipo apongozi ace anali kumlipirira.

Mai Clicquot anapumula pa nchito m'caka ca 1841, namanga nyumba yaikulu ku Boursault, pafupi ndi mtsinje wa Marne. Kumeneko ndiko anamwalira pa 29 July 1866 ali ndi zaka 88. Pa nthawiyo kampani inali kugulitsa mabotolo pafupifupi 750,000 pa caka, ndipo inatsala m'manja mwa Werlé.

Alendo amene apita ku Reims lero amalipira kuti aonetsedwe malo a kampaniyi. Wowatsogolera amatsika nao pa makwerero kulowa m'mapanga akale amene anthu anakumba pofuna miyala ya coko yomangira mzinda. Kampani inagula mapangawa m'caka ca 1909, mwini wace atamwalira kale, ndipo njira zace zikalumikizidwa zifika makilomita 24. Pansipo ndi pozizira dzinja ndi malimwe, kotero kuti mlendo amauzidwa kutenga juzi. Amaona mabotolo ataunjikidwa m'mdima, ndi matabwa a mabowo aja, amene tsopano amawaimika awiriawiri mogundanitsa mitu ngati denga la nyumba. Potsiriza amapatsidwa tambula kuti alawe. Mapanga a coko a ku Reims analembedwa ndi bungwe la UNESCO m'caka ca 2015 pa malo ofunika kusungidwa ndi dziko lonse lapansi.

M'caka ca 2010 anthu omira pansi pa madzi anapeza combo cakale cimene cinamira m'nyanja ya Baltic, pafupi ndi zisumbu za Åland. M'menemo munali mabotolo a shampeni 168, ndipo 47 mwa amenewo anali a Veuve Clicquot, opangidwa ca m'ma 1840, maiyo akali moyo. Akatswiri atatsegula ena, anapeza kuti vinyoyo anali wotsekemera kopambana wa masiku ano, ndipo anali akali womweka.