Jupp Posipal, mnyamata wa ku Lugoj amene anatchinga kumbuyo kwa timu ya Germany

Aphunzitsi, musanapite patali ndi mbiri iyi, tengani mapu a ku Ulaya mufunefune tawuni ya Lugoj. Mukaifuna ku Germany simuipeza. Ili kumadzulo kwa dziko la Romania, m'mbali mwa mtsinje wa Timiș, m'dera lotchedwa Banat. Kumeneko ndi kumene Josef Posipal anabadwira pa 20 Juni 1927. Patatha zaka 27, munthu yemweyu anali mmodzi mwa amuna 11 amene anapezera dziko la West Germany chikho choyamba cha mpira wamiyendo cha dziko lonse. Mwa onse 11, ndi iye yekha amene anabadwira kunja kwa Germany.

Kuti mumvetse mmene Mjeremani anabadwira ku Romania, tibwerere m'mbuyo pang'ono. M'zaka za m'ma 1700, mafumu a ku Vienna atalanda dera la Banat m'manja mwa ufumu wa Ottoman, anaitana alimi ndi amisiri olankhula Chijeremani kuti akakhale kumeneko. Zidzukulu zawo zinasunga chinenero, matchalitchi ndi masukulu awo kwa zaka pafupifupi 200. Dziko lokha ndilo linkasintha dzina. Lugoj inali mbali ya Hungary mpaka kutha kwa nkhondo yoyamba ya dziko lonse, ndipo pangano la ku Trianon la mu 1920 linatsimikiza kuti tawuniyi ikhale ya Romania. Dera la Banat analigawa patatu. Anthu sanasamuke ayi, anasamuka ndi malire. Inu amene mumaphunzitsa ku Mchinji, ku Chipata kapena ku Angónia simufunika kukufotokozerani zambiri pamenepa, poti mumaona tsiku ndi tsiku mtundu umodzi ukuimba nyimbo za fuko zitatu.

Motero Josef anakulira m'tawuni imene pamsika pankamveka Chiromaniya, Chihangare ndi Chijeremani, ndipo iye anatola zonse zitatu. Tawuni yomweyi ndi kwawo kwa Bela Lugosi, katswiri wa mafilimu amene anatchuka posewera ngati Dracula. Dzina loti Lugosi analipanga kuchokera ku dzina la tawuniyo m'Chihangare.

Mu 1943, nkhondo yachiwiri ili mkati, Josef anachoka kwawo ali ndi zaka 16 n'kupita mumzinda wa Hannover kukaphunzira ntchito yokonza makina. Pa nthawiyo Romania inali mbali imodzi ndi Germany, choncho ulendo wotere sunali wachilendo kwa mwana wa Ajeremani a ku Banat. Koma mu Ogasiti 1944 Romania inatembenuka n'kugwirizana ndi Soviet Union. Mu Januwale 1945 Ajeremani a ku Romania anayamba kutengedwa m'masitima kupita kukagwira ntchito ya thangata m'migodi ndi m'mafakitale a ku Soviet Union: amuna a zaka 17 mpaka 45, akazi a zaka 18 mpaka 30. Werengani zaka zake. M'mwezi umenewo Josef anali ndi zaka 17. Nkhondo itatha, Romania inalowa mu ulamuliro wa chikomyunizimu, ndipo njira yobwerera kwawo inatsekeka. Anapita kukaphunzira ntchito, koma anasanduka mtchona asanakonzekere.

Ku Germany kuno ndi kumene dzina lake linafupika n'kukhala Jupp, monga mmene Ajeremani ambiri amafupikitsira dzina la Josef. Dzina limeneli ndilo linamumatirira mpaka m'mabuku a mbiri.

Anasewera mpira m'matimu ang'onoang'ono a ku Hannover, kenako analowa timu ya Arminia Hannover. Mphunzitsi wa timuyo, Georg Knöpfle, atasamukira ku Hamburger SV mu 1949, Posipal nayenso anapita komweko, ndipo sanasinthenso timu mpaka kusiya mpira. Musaganize za mpira wa ku Germany wa masiku ano. Ligi ya Bundesliga inadzayamba mu 1963. M'masiku a Posipal dziko linali ndi maligi a m'zigawo, ndipo matimu opambana m'zigawomo ndiwo ankakumana kumapeto kwa chaka kulimbirana ukatswiri wa dziko. Malamulo sankalola kuti wosewera alandire ndalama zoposa mamaki 320 pamwezi, komanso ankafuna kuti akhale ndi ntchito ina ya masana. Katswiri ankayamba waweruka kuntchito kenako n'kupita kukachita masewera okonzekera.

Malo ake pabwalo ndi ofunika kuwamvetsa, chifukwa zimene zinamuchitikira mu 1954 zagona pamenepo. Matimu ambiri a nthawi imeneyo ankaika anthu atatu okha kumbuyo. Awiri a m'mbali ankasamala osewera othamanga m'mphepete mwa bwalo, ndipo wapakati ankakakamira wogoletsa wamkulu wa timu inayo kulikonse kumene wapita. Wapakatiyu ndiye anali mzati wa nyumba. Akaterereka iye, kumbuyo kwake kunalibenso wina koma goloboyi. Posipal ankasewera malo amenewa, ndipo ankadziwika ndi mphamvu pa mipira ya m'mwamba ndi kudekha mpira ukafika pamapazi ake.

Dziko la West Germany linasewera masewero ake oyamba nkhondo itatha pa 22 Novembala 1950 ku Stuttgart, ndipo linagonjetsa Switzerland 1-0. Posipal panalibe. Munthu wolankhula Chijeremani chibadwire, amene anali atakhala m'dzikomo zaka zisanu ndi ziwiri, pamapepala anali adakali mlendo. Unzika wa Germany anaulandira mu 1951, ndipo chaka chomwecho mphunzitsi wa timu ya dziko, Sepp Herberger, anamupatsa mpata wake woyamba.

Apa ndikupempha inu a ku Sanyati, ku Kadoma ndi ku Chegutu kuti muime kaye. M'makalasi mwanu muli zidzukulu za anthu amene anachoka ku Malawi, ku Zambia ndi ku Mozambique kudzagwira ntchito mumgodi wa Cam and Motor, m'minda ya thonje ndi m'mafakitale a nsalu. Ana amenewa amamva Chichewa kwa agogo, Chishona pamsewu, Chingerezi m'kalasi. Makolo awo ambiri anabadwira mu Zimbabwe momwemo, koma ziphaso zawo zinkawatchula kuti ndi alendo, makamaka lamulo la unzika litasinthidwa mu 2001, mpaka malamulo aakulu a dziko a mu 2013 anatsegulanso khomo kwa obadwira m'dzikomo amene makolo awo anachokera m'mayiko a SADC. Akuluakulu a ku Eiffel Flats amakumbukira timu ya Rio Tinto ndi mayina ngati Joseph Zulu, Raphael Phiri ndi Ephert Lungu, wotchinga kumbuyo amene anasankhidwa kukhala katswiri wa mpira wa chaka cha 1983 ku Zimbabwe. Mayina oterewa mukawatchula ku Dedza kapena ku Katete palibe amene angadabwe. Mwana wa ku Kadoma akamva za munthu amene anayamba wadikira pepala asanavale malaya a timu ya dziko, sadzafunsa tanthauzo lake.

Atalowa m'timu ya dziko, Posipal anakwera msanga. Pa 21 Okutobala 1953 bungwe la mpira la ku England linkakondwerera kuti latha zaka 90, ndipo linaitana timu ya akatswiri osankhidwa m'mayiko osiyanasiyana kuti idzasewere ndi England pabwalo la Wembley. Mjeremani m'timu imeneyo anali mmodzi yekha, Posipal, ndipo anaima pakati kumbuyo. Kutsogolo kunali Giampiero Boniperti wa ku Italy, Gunnar Nordahl wa ku Sweden ndi László Kubala, mtchona winanso wobadwira ku Budapest amene anasewerera mayiko atatu. Masewerowa anatha 4-4, England itabweza chigoli chomaliza pa penate ya Alf Ramsey nthawi itatsala pang'ono kutha. Nkhondo inali itatha zaka zisanu ndi zitatu zokha, ndiye sichinali chinthu chaching'ono kuti Mjeremani aitanidwe ku London ngati mmodzi wa akatswiri.

Mukamayembekezera kuti kuchokera apa zonse zinayenda bwino, mwalemba m'madzi. Chaka cha mpira cha 1953/54 chinali choipa kwambiri kwa Hamburger SV. Timu imene inazolowera kukhala yoyamba kumpoto inathera pa nambala 11, ndipo Posipal anapita ku mpikisano wa dziko lonse ku Switzerland miyendo isakumumvera monga kale. Masewero oyamba anayenda bwino, anagonjetsa Turkey 4-1. Achiwiri anali ndi Hungary, timu imene inali isanagonjepo chiyambire 1950, imene inakwapula England 6-3 pa Wembley ndi 7-1 ku Budapest. Herberger anapumitsa osewera ake angapo odalirika, koma Posipal anamulowetsa. Anamwetsedwa zigoli 8, iwo n'kubweza zitatu zokha. Tsikulo linali 20 Juni 1954, tsiku lokumbukira kubadwa kwake.

Atagonjetsanso Turkey 7-2 n'kufika mu ndime ya matimu asanu ndi atatu, Herberger anachita chimene ambiri sankachiganizira miyezi ingapo m'mbuyomo: anamusiya panja. Pa masewero ndi Yugoslavia, pakati kumbuyo panaima Werner Liebrich wa ku Kaiserslautern. Anapambana 2-0 ndipo Liebrich anasewera bwino moti panalibenso zomuchotsera. Malo amene Posipal anatchukira nawo pa Wembley anali atapita.

Chigamulo chimene Herberger anapanga pambuyo pake ndicho ine ndimachiona kuti ndi mtima wa nkhani yonseyi, ndipo sichinali chokoma kwa onse. Anabweza Posipal m'timu, koma kumbuyo chakumanja, malo amene sanali ake. Kuti atero anachotsa Fritz Laband, amene anasewera bwino pa masewero a Yugoslavia, komanso anali mnzake wa Posipal ku Hamburger SV. Taganizani anthu awiri a timu imodzi, amene adzabwerera mumzinda umodzi, wina atatenga malo a mnzake pa masewero aakulu koposa m'moyo wawo. Posipal akanalephera, mlandu ukanagwera iye ndi mphunzitsi wake. Sanalephere. Anagonjetsa Austria 6-1, ndipo anthu 11 omwewo ndi amene analowa m'bwalo la Wankdorf ku Bern pa 4 Julayi kukakumananso ndi Hungary.

Mvula inagwa tsiku limenelo. Ajeremani anavala jombo za Adi Dassler, mwini kampani ya Adidas, zimene mano ake a pansi ankatheka kumasula n'kuika ena aataliko oyenera bwalo loterera. Komabe patangotha mphindi zisanu ndi zitatu anali atamwa kale ziwiri, cha Ferenc Puskás ndi cha Zoltán Czibor, ndipo zinkaoneka ngati za ku Basel zija zibwerezedwa. Max Morlock anabweza chimodzi pa mphindi 10, Helmut Rahn n'kufananitsa pa mphindi 18. Kuyambira pamenepo ntchito yaikulu inagwera anthu a kumbuyo. M'chigawo choyamba Posipal ankasamala Mihály Tóth. M'chigawo chachiwiri a Hungary anasinthanitsa osewera awo a m'mbali, ndipo Czibor, mmodzi mwa othamanga oopsa kwambiri ku Ulaya, anabwera mbali yake. Mipira inamenya mtengo wa golo, Werner Kohlmeyer anachotsa ina pamzere penipeni, goloboyi Toni Turek anagwira yooneka yosagwirika. Rahn anagoletsa chachitatu pa mphindi 84. Puskás anaponyanso mpira muukonde, koma wothandiza oyimbira, Mervyn Griffiths wa ku Wales, anali atakweza mbendera ya ofusayidi, chigamulo chimene anthu a ku Hungary amachitsutsabe mpaka lero. Anatha 3-2.

Monga aphunzitsi a zinenero, onani kachinthu kamene olemba za zigoli amakadumpha. Osewera a Hungary akamaitanizana pabwalo, kuuzana kuti ponya kuno kapena thamangira uko, kumbuyo kwa Germany kunali munthu amene mawu amenewo sanali phokoso chabe kwa iye. Chinali chinenero cha m'misewu ya kwawo, tawuni imene iye sankatha kupitako.

Posipal anasewerera dziko lake masewero 32 pakati pa 1951 ndi 1956, n'kugoletsa chigoli chimodzi. Ku Hamburger SV anatenga ukatswiri wa chigawo cha kumpoto kasanu ndi katatu, ndipo anaona mnyamata wa zaka 17, Uwe Seeler, akulowa m'timu yaikulu mu 1954. Koma chikho cha ukatswiri wa Germany yonse chinamukana. Anafika mu ndime yotsiriza mu 1957 n'kugonja 4-1 kwa Borussia Dortmund, anafikanso mu 1958 n'kugonja 3-0 kwa Schalke 04. Chaka chomwecho anasiya mpira. Timu yake inadzatenga chikhocho mu 1960, iye ataonerera ali kunja kwa bwalo.

Adani ake a ku Bern nawonso utchona sunawasiye. Asilikali a Soviet Union atathetsa kuukira kwa anthu a ku Hungary mu 1956, Puskás, Czibor ndi Sándor Kocsis sanabwerere kwawo; Puskás anakathera ku Real Madrid, awiri enawo ku Barcelona. Ajeremani a ku Banat nawo anayamba kuchoka pang'onopang'ono, boma la West Germany likulipira boma la Nicolae Ceaușescu ndalama pa munthu aliyense wololedwa kutuluka, ndipo ulamuliro wake utagwa mu 1989 ambiri mwa otsalawo anasamuka. Mlembi Herta Müller, amene analandira mphoto ya Nobel mu 2009, ndi wa mtundu womwewu, ndipo mayi ake anali m'gulu la otengedwa mu 1945 lija.

Posipal anakhazikika ku Hamburg. Mwana wake, Peer, anadzasewera mu Bundesliga m'timu ya Eintracht Braunschweig. Jupp anamwalira ndi vuto la mtima mumzinda womwewo wa Hamburg pa 21 Febuluwale 1997, ali ndi zaka 69.